Funsani Amisiri: Kompyuta ikati “Format”, chotsani dzanja pa mausi

Makalata a mwezi uno ambiri akulira maliro amodzi. Wina disiki yakunja, wina memori khadi, wina fulashi, koma onse akuti mafayilo analimo dzulo, lero makina akuti mulibe kanthu. Ndasankhapo asanu. Yoyambayo ndichedwapo pang'ono, chifukwa mukaimva bwino zinazo siziwawa mutu.

*Amisiri, ine ndimajambula mavidiyo a maukwati ndi zinkhoswe kuno ku Lilongwe. Mwezi watha tinajambula ukwati wina ndi mnzanga amene amagwiritsa ntchito MacBook. Makamera anali awiri, ndiye iye anatsitsira zonse pa hadi disiki yake yakunja ya 2 TB n'kundisiyira kuti ndilumikize ine vidiyoyo, popeza ankapita ku Johannesburg kukaoda katundu. Ndikaiika pa laputopu yanga ya Windows 10 kagetsi kake kakuyaka, ikumveka kuti ikuzungulira, koma sikuoneka penapaliponse. Mnyamata wa pamalo obenera nyimbo akuti ikungofunika kuifomata ndipo itseguka. Eni ukwati akundiimbira m'mawa ndi madzulo. Ndimulole afomate? Kapena disikiyi yafa? — Wojambula, Lilongwe*

Achimwene, ngati disikiyo mwaisiya kwa mnyamatayo, ikani magazini ino pansi, kwerani kabaza mukaitenge. Sinafe. Koma akaifomata ndiye kuti ukwati wa eni ake mwauika m'manda ndi manja anu.

Hadi disiki ili ngati depoti yaikulu ya matumba a chimanga. Matumbawo ndi mafayilo anu. Kuti munthu apeze thumba la uje, pamafunika kaundula wonena kuti lili mzere wakuti, likulemera mwakuti, linalowa tsiku lakuti. Depoti ina amaidula ndi makoma kukhala zipinda ziwiri kapena zitatu, zimene pa ntchito yathu timati mapatishoni, ndipo chipinda chilichonse chimakhala ndi kaundula wakewake. Kalembedwe ka kaundula ameneyu ndi kamene amati file system. Tsono vuto ndi lakuti kampani iliyonse inaphunzitsa kalaliki wake kalembedwe kosiyana. Wa Microsoft amalemba NTFS, imene inayamba mu 1993, ndipo amadziwanso FAT32 ndi exFAT. Wa Apple ankalemba HFS+ kuyambira 1998, imene pa sikirini ya Mac imatchedwa Mac OS Extended, kenako mu 2017 anasamukira ku APFS. Wa Linux, imene ndi pulogalamu ina yoyendetsa kompyuta ngati Windows, kawirikawiri amalemba ext4.

Kalaliki wa Apple amatha kuwerenga kaundula wa NTFS, ngakhale salembamo. Wa Linux ndiye wodzichepetsa kuposa onse, anaphunzira zolemba za anzake pafupifupi zonse. Koma wa Windows ndi wodzimva. Mukamupatsa buku la Apple kapena la Linux, mwina amangokhala chete ngati sanalione, monga zikuchitikira kwa inumu, kapena amatulutsa kabokosi kakuti “You need to format the disk before you can use it.” Kutanthauza kuti: bukuli ine sindikuliwerenga, ndiloleni ndiling'ambe ndiyambe latsopano. Sanena kuti “sinditha kuwerenga”. Amanena ngati vuto ndi la bukulo. Ndi kabokosi kameneka kamene kaliritsa anthu ambiri, ndipo ine ndimaona kuti amene anakalemba anatilakwira.

Mukufuna kutsimikiza kuti disiki ili moyo? Dinani batani la Windows pamodzi ndi X, musankhe Disk Management. M'munsimo muona Disk 1 kapena Disk 2 ya pafupifupi 1863 GB, umo ndi mmene Windows imawerengera 2 TB. Mwina muonanso kachigawo kakang'ono ka 200 MB kotchedwa EFI, kenako chigawo chachikulu chopanda chilembo ngati E: kapena F:. Chachikulucho ndiye ukwati uja. Ingoonani ndi maso basi. Initialize, Delete Volume, New Simple Volume, Format, zonsezi musazikhudze.

Ndikulankhula motsindika chonchi chifukwa ine ndinadinapo. Ndikungoyamba ntchitoyi, ndili wolembedwa pa shopu ina, kunabwera mayi wina atavala zakuda, disiki ataikulunga m'kampango. Amuna awo anali atamwalira kumene, ndipo ankagwira ntchito kunja, kumene ankagwiritsa ntchito Mac. Mayiwo ankangofuna zithunzi za ana ndi bambo awo. Ndinalumikiza, kabokosi kaja kanatuluka, ine osaganiza kawiri, dinu. Sizinathe ndi mphindi imodzi yomwe. Disiki inatseguka bwinobwino, yoyera mbee, yopanda fayilo ngakhale imodzi. Mayi aja anali ataima kuseri kwa kauntala, n'kufunsa kuti, “Zatheka, bambo?” Ndinamva thukuta likutsika mumsana. Chimene chinandipulumutsa n'chakuti inali Quick Format, imene imangolemba kaundula watsopano koma matumba n'kuwasiya mmene alili. Bwana wanga, atandikalipira mokwanira, anandionetsa pulogalamu yaulere ya PhotoRec, imene siyang'ana kaundula koma imapapasa thumba lililonse n'kuzindikira kuti ichi ndi chithunzi, iyi ndi kalata. Inayenda masiku atatu. Zithunzi zambiri zinabwerera, koma zopanda mayina, zopanda mafoda, zonse zili f1048576.jpg, f1052210.jpg, zitasakanikirana ndi tizithunzi ta pa intaneti tosawerengeka. Mayi aja ankabwera masana aliwonse kwa sabata yathunthu, n'kukhala pa benchi pambali panga kumasankha: uyu ndi mwana wanga, ichi sindikuchidziwa, ichi ndi pa ubatizo. Sanandinenepo mawu oipa ngakhale amodzi, ndipo zimenezo ndi zimene zinkandipweteka kwambiri.

Inuyo musadalire mwayi ngati umenewo. Vidiyo si chithunzi. Fayilo ya vidiyo ndi yaikulu, nthawi zina imakhala yomwazikana m'zidutswa, ndipo kaundula akapita zidutswazo sizilumikizana bwino. Komanso mukachotsa chizindikiro pa Quick Format, Windows kuyambira pa Vista imalemba maziro pa disiki yonse, ndipo pamenepo ngakhale PhotoRec imangokuyang'anani. Disiki ikakhala ya SSD, mtundu uja wosazungulira m'kati, ngakhale Quick Format yomweyo ikhoza kusesa zonse.

Njira imene ine ndingatsate ndi yosavuta kuposa zonse, ndipo sifuna pulogalamu iliyonse: pezani Mac. Mu Lilongwe simungalephere kupeza wojambula mnzanu kapena wopanga zikwangwani amene ali nayo. Tengani disiki ina yopanda kanthu, muifomate kukhala exFAT, mulumikize zonse ziwiri pa Mac imeneyo, mukopere. exFAT imawerengedwa ndi kulembedwa ndi Windows, Mac ngakhalenso Linux. Mac inaiphunzira mu 2010, ndipo Linux inailandira mokwanira Microsoft itatulutsa poyera malamulo a kalembedwe kake mu 2019. Ndiye chinenero cha pamsika chimenechi, aliyense amachimva.

Mac ikasowa, tumizani uthenga pa WhatsApp kwa mnzanuyo, mumufunse zinthu ziwiri: pofomata anasankha Mac OS Extended kapena APFS, ndipo kodi anaikapo pasiwedi. Ikakhala Mac OS Extended, pali HFSExplorer, yaulere, koma imafuna kuti muyambe mwaika Java. Pali ina ya DiskInternals yotchedwa Linux Reader, imene dzina lisakunamizeni, imawerenganso HFS+ ndi APFS, ndipo mbali yowerengayo ndi yaulere. Zonse ziwirizi zimangowerenga ndi kukopera, sizilemba kanthu pa disiki ya mwini wake, ndipo n'chifukwa chake ndimazikonda. Zogula ziliponso, monga za kampani ya Paragon ndi MacDrive, zimene zimachititsa kuti disiki ya Mac izioneka ngati E: wamba. N'zabwino, koma pa disiki ya eni, yosungira ukwati umene sungabwerezedwe, ine sindifuna pulogalamu yokhala ndi cholembera m'manja. Ngati anaikapo pasiwedi, palibe mmisiri angaidumphe, muyenera kuipempha basi.

Konzekerani malo okwanira kumene mukukoperako, ndipo laputopu ikhale yodzaza moto, chifukwa magetsi akathima pakati pa ntchito muyambiranso. Mukamaliza mwina mudzaona timafayilo tachilendo toyamba ndi kadontho, monga ._MVI_0042.MOV ndi .DS_Store. Si vairasi. Ndi tizolemba ta Mac tam'mbali, fayilo yeniyeni ndi yaikuluyo. Ndaonapo anthu akutsegula kakang'onoko n'kuyamba kulira kuti vidiyo yawonongeka.

Mnzanuyo akabwera, mugwirizane kuti disiki yopatsirana ntchito izikhala ya exFAT. Koma yopatsirana yokha. exFAT ilibe kabuku kapambali kamene NTFS ndi ext4 zili nako, kolembamo kuti “ndayamba kusuntha thumba lakuti” musanalisunthe, kotero mukaizula osadina Eject, kapena magetsi akathima ikulemba, imasokonezeka msanga. Zosunga zaka zisungeni pa NTFS ngati nyumba yanu ndi ya Windows.

*Bambo Amisiri, ndine wophunzira zamakompyuta. Pa laputopu yanga ndinaika Windows 11 ndi Ubuntu pa disiki imodzi. Ndikakhala mu Ubuntu ndimaona mafayilo a pa D: koma ndikafuna kusunga kanthu imakana, imati read-only file system. Masiku ena imalola, masiku ena ayi. Ndikakhala mu Windows, mafayilo a ku Ubuntu sindiwaona n'komwe. Anzanga akuti ndinaika molakwika, ndiyambirenso. — Wophunzira, Blantyre*

Mng'ono wanga, sunalakwitse kanthu, ndipo mawu ako akuti “masiku ena imalola” ndi amene aulula mfiti. Ndikhoza kubetcha kuti masiku amene imalola ndi amene wachoka mu Windows podina Restart, ndipo amene imakana ndi amene unadina Shut down.

Kuyambira pa Windows 8 mu 2012, Shut down sikuzimitsa kwenikweni. Pali chinthu chotchedwa Fast Startup: Windows imatseka mapulogalamu ako, koma mtima wake imausunga mu fayilo ya hiberfil.sys kuti mawa idzadzuke msanga. M'menemo muli ndi chikumbukiro chake cha mmene kaundula wa disiki analili pogona. Tsono tangoganiza, Ubuntu, imene ndi mtundu wa Linux, ilowe usiku, isunthe matumba, ilembe zatsopano, ndiye m'mawa Windows idzuke n'kupitiriza ndi chikumbukiro cha dzulo. Ikhoza kulemba pamwamba pa fayilo yako osadziwa. Ubuntu ikaona kuti mwini nyumba sanachoke koma wangogona, imakana kugwira cholembera. Kukanako n'kukuteteza, si kupusa.

Mankhwala ake ali mu Control Panel, Power Options, “Choose what the power buttons do”, udine “Change settings that are currently unavailable”, uchotse chizindikiro pa “Turn on fast startup”. Kapena tsegula Command Prompt ngati Administrator ulembe powercfg /h off, zimene zimachotseratu Hibernate yomwe. Ukafuna za tsiku limodzi lokha, gwira Shift podina Shut down. Pa intaneti ukapeza anthu akukuuza za remove_hiberfile kapena ntfsfix kuti ukakamize kuchokera mu Ubuntu. Zimagwira, koma yoyambayo imataya chilichonse chimene Windows inagona nacho, ndipo yachiwiriyo si chkdsk, chida cha Windows chokonzera disiki, imangokonza pang'ono n'kusiya chizindikiro chakuti Windows idzafufuze yokha. Pamene Windows ikuyaka bwinobwino, konzera mu Windows momwemo.

Popeza ndiwe wa sukulu, dziwanso kuti kulemba pa NTFS kuchokera mu Linux sikunabwere ndi chifundo cha Microsoft. Anthu odzipereka anachita kufufuza okha kalembedweko kwa zaka zambiri, mpaka pulogalamu yawo ya NTFS-3G inakhazikika mu 2007. Mu 2021 ndi pamene pulogalamu ina yogwira ntchito yomweyo, NTFS3 yochokera ku Paragon, inalowa mu Linux 5.15. Ife amene tinayamba kale timakumbukira nthawi imene kulemba pa NTFS kuchokera mu Linux kunali ngati kuwoloka mtsinje wodzaza.

Mbali inayo, ya kuona ext4 uli mu Windows, ndi yovutirapo. Windows 11 ili ndi lamulo la wsl --mount kwa amene aika WSL 2, Linux yoyendera m'kati mwa Windows, ndipo limagwira bwino pa disiki yachiwiri. Kwa iwe siligwira, chifukwa limalanda disiki yonse kwa Windows n'kuipereka ku Linux, ndipo Windows singapereke disiki imene yaimapo. Gwiritsa ntchito Linux Reader yomwe ndatchula ija kuti uzikopera zimene ukufuna. Anzako ena adzakupatsa pulogalamu ya Ext2Fsd pa fulashi. Ikane. Inali yabwino m'nthawi yake, koma inatsalira m'mbuyo pamene ext4 inkaonjezera zinthu zatsopano, ndipo ukailola kulemba ikhoza kukuonongera chigawo chonse.

Kunena zoona, funso lakuti Windows iziona bwanji za Ubuntu ndi losafunika kwenikweni. D: uli nayo kale, ndipo onse awiri amaiwerenga. Maasainimenti, mabuku, nyimbo, zonse ziika kumeneko, ku ext4 kuzingokhala Ubuntu yeniyeniyo ndi makodi ako. Usamale ndi mayina okha. Linux imalola fayilo kukhala ndi zizindikiro monga : ? * pa dzina, pamene Windows imazikana, ndipo kwa Linux Lipoti.docx ndi lipoti.docx ndi mafayilo awiri pamene kwa Windows ndi imodzi. Ndinaonapo mnyamata ali ndi fayilo yotchedwa “Mutu 3: zotsatira” imene Windows inkaionetsa koma osaitsegula, osaifufuta, osaisintha dzina, mpaka tinachita kubwerera mu Ubuntu kukachotsa timadontho tiwirito.

*Amisiri, ndine mphunzitsi wa ku sekondale. Laputopu yanga ya HP ikayaka imangozungulira kenako sikirini ya buluu. Muli mayeso amene ndakonza, masikimu a zaka zinayi ndi malikisi a ana. Kumene ndinapita akuti aika Windows yatsopano koma zonse zipita. Palibe njira ina? — Mphunzitsi, Dedza*

Aphunzitsi, njira ilipo, ndipo amene anakuuzani zimenezo mwina ndi waulesi kapena sadziwa. Windows kukana kudzuka sikutanthauza kuti depoti yapsa, ndi kalaliki chabe amene wadwala. Tibwereke kalaliki wa Linux kwa ola limodzi.

Pa kompyuta ina tsitsani Ubuntu kapena Linux Mint. Ubuntu ya masiku ano imafika pafupifupi 6 GB, Mint ndi pafupifupi theka lake, ndiye ngati bandulo ndi yogula nokha tengani Mint. Ikani pa fulashi ya 8 GB pogwiritsa ntchito pulogalamu ya Rufus, podziwa kuti zonse za pa fulashiyo zifufutika. Ibayeni pa HP yanu, muyatse mukudina F9, musankhe fulashiyo. Pa Dell ndi Lenovo ambiri batani lake ndi F12. Ikafunsa, musankhe Try, osati Install. Ndibwereze: osati Install. Linux idzayenda kuchokera pa fulashi osakhudza disiki yanu. Tsegulani pa mafayilo, muona disiki yanu kumanzere, mulowe mu Users, dzina lanu, kenako Desktop, Documents ndi Downloads. Koperani pa disiki ina. Ikanena kuti read-only musadandaule, ife tikungofuna kuwerenga.

Njira ina ndi kutulutsa disikiyo n'kuiika mu kesi ya USB, muilumikize pa kompyuta ina. Muonetsetse kaye ngati ndi ya SATA ya mainchesi 2.5 kapena kakang'ono ka M.2, chifukwa makesi ake ndi osiyana, ndipo malaputopu ena otchipa chosungiracho anachita kuchiwotcherera pa bodi, sichichoka.

Zinthu ziwiri zingatilepheretse. Choyamba ndi BitLocker. Malaputopu ambiri atsopano amabwera atakiya disiki mwini wake osadziwa, ndipo mukaitsegula kwina imafunsa kiyi ya manambala 48. Ngati munkalowa ndi akaunti ya Microsoft, kiyiyo imakhala itasungidwa mu akauntiyo, mukhoza kuipeza pa foni. Ngati laputopu munapatsidwa ndi kuntchito kapena bungwe, funsani amene anaikonza. Popanda kiyiyo palibe chimene ndingachite ine kapena wina aliyense. Chachiwiri, ikani khutu pa laputopu. Mukamva disiki ikugogoda, kho, kho, kho, zimitsani pompo. Imeneyo ikufa, ndipo kuyatsa kulikonse kukuifupikitsira moyo. Ipititseni kwa mmisiri amene amadziwa pulogalamu ya ddrescue, ayambe wakopera disiki yonse pa ina asanayambe kufufuza mafayilo. Mukamufunsa za ddrescue n'kukuyang'anani ngati mwalankhula Chitchaina, nyamulani katundu wanu.

*Bambo, foni yanga inagwa sikirini n'kusweka. Ndachotsa memori khadi ndaika m'foni ya mwana wanga koma ikuti khadi ndi yowonongeka, ndifomate. Pa kompyuta chimodzimodzi. Muli zithunzi za adzukulu. — Agogo, Kasungu*

Agogo, pano ndiyankha mosamala chifukwa mwina nkhani si yabwino. Kuyambira pa Android 6.0 mu 2015, mukaika khadi yatsopano mafoni ambiri amafunsa ngati mukufuna ikhale yonyamula, portable storage, kapena ikhale mbali ya foniyo, internal storage. Ana athu potikonzera mafoni amakonda kusankha yachiwiriyo kuti malo achuluke. Ikatero foni imalemba khadiyo m'kalembedwe ka Linux n'kuikiya, ndipo kiyi imatsala m'kati mwa foniyo. Khadi imeneyo siwerengeka kwina kulikonse, ngakhale m'foni ina ya mtundu womwewo. Mafoni a Samsung ali ndi Encrypt SD card, imene mathero ake ndi omwewo.

Ndiye chuma chanu si khadi yokha, ndi khadi pamodzi ndi foni yoswekayo. Musaitaye, musaigulitse kwa ogula zakufa. Kakonzetseni sikirini, mubwezeremo khadi, ndipo zithunzi zidzaoneka. Mukamuuze wokonzayo momveka bwino kuti asaifulashe ndipo asachite reset, chifukwa akatero kiyi yapita mpaka kalekale. Ngati ndalama ya sikirini palibe, mupempheni alumikize sikirini yobwereka kwa mphindi zochepa mungokopera. Mwana wanu ayang'anenso mu Google Photos ndi akaunti yanu, nthawi zina zithunzi zimakhala zinakwera kale inu osadziwa.

Pomwepa ndiyankhenso bambo wa golosale amene anafunsa za disiki ya makamera a chitetezo: makina ambiri a CCTV amalemba m'kalembedwe kawokawo, kotero musaiike pa Windows n'kuvomera Initialize. Ibwezereni m'makina ake, mutulutse vidiyoyo pa fulashi kudzera pa Export kapena Backup.

*Amisiri, ndimayendetsa minibasi. Ndagula fulashi ya 64 GB, ndabenetsa nyimbo zambiri, pa kompyuta zikulira koma wailesi ya m'galimoto ikungolemba NO USB. Yakale ya 8 GB inkalira. Andigulitsa yabodza? — Dalaivala, Limbe*

Adalaivala, inu nokha mwezi uno ndi amene ndikuuzeni kuti fomatani.

Mafulashi ndi makhadi opitirira 32 GB ambiri amabwera ali exFAT, pamene mawailesi ambiri a m'galimoto, masipika a pamsika ndi ma TV akale amangodziwa FAT32, kalembedwe ka mu 1996. Yanu ya 8 GB inali FAT32, n'chifukwa chake inkalira. Koperani kaye nyimbo zonse pa kompyuta, mutsimikize kuti zafika, kenako fulashiyo muisinthe kukhala FAT32, mubwezeremo nyimbo.

Mudzapeza kuti kabokosi ka Format ka Windows sikakupatsani FAT32 pa fulashi ya 64 GB, kamangoonetsa exFAT ndi NTFS. Si kuti FAT32 singakwanitse, imafika mpaka 2 TB. Malire a 32 GB amenewo ndi a kabokosiko, ndipo Dave Plummer, amene ankagwira ntchito ku Microsoft, ananena yekha kuti anangosankha nambalayo polemba kabokosiko, akuganiza kuti n'zongoyembekezera. Rufus yomwe ija imadumpha malirewo: pa Boot selection musankhe Non bootable, pa File system musankhe Large FAT32. Chimene FAT32 singathe ndi kusunga fayilo imodzi yopitirira 4 GB, koma nyimbo ya MP3 ndi ya 5 MB kapena 10 MB, ndiye inu sizikukhudzani. Zimakhudza amene amaika mafilimu.

Ikakanabe, ndiye kuti wailesi yanu ndi ya gulu limene silidutsa 32 GB, kapena lili ndi malire a chiwerengero cha mafoda ndi nyimbo. Pamenepo gulani ya 16 GB kapena 32 GB, nyimbo zake simungazimalize ngakhale mutapita ku Mzuzu ndi kubwerera.

Za kuti ndi yabodza, zimenezo n'zotheka ndithu, koma chizindikiro chake ndi china. Fulashi yabodza imalemba 64 GB pomwe m'kati muli 8 GB, imalandira nyimbo zonse mosakana, koma zoyamba zokha ndi zimene zimalira, zotsalazo zimangokhala mayina. Pali kapulogalamu kaulere ka H2testw kamene kamadzaza fulashi yonse n'kuwerenganso kuti kaone ngati zonse zabwerera. Pa 64 GB kakhoza kutenga maola awiri kapena kuposa, ndiye kasiyeni fulashiyo kwa wobena nyimbo m'mawa, mudzaitenge pobwera ulendo wamasana, ndipo lisiti la kumene munagula musalitaye kufikira mutaona zotsatira.